Namwali wa Zilonda Zapakhosi

Kwa masiku anayi akazi a m'mudzi wa atate, chakufupi ndi Mkaika, ankandiyamikira kuti ndinali namwali waulemu kuposa onse amene anawalangapo. Sindinkayankhula, sindinkadzutsa mutu, chakudya ndinkangolawa n'kubweza mbale. Ine amene ndinkadziwika mudzi wonse ndi pakamwa, amene ndinatukwanapo mbuzi ya eni mpaka mwini wake anabwera kudzadandaula! Ulemu umenewo sunali wanga ayi. Pakhosi panga panali patatupa, ndipo kummero kunali mafinya.

Munali m'zaka za Chitaganya, ine ndili ndi zaka khumi ndi zinayi kapena kuposerapo pang'ono, poti panalibe amene analemba. Atate anali kutali ku Walale, kutsidya kwa malire, chaka chachitatu asanabwere, akugwira ntchito m'minda ya fodya ya azungu. Amayi anali mtengwa. Kwawo kunali cha ku Sinda, kubanja lopemphera, ndipo atakwatiwa atate anawatenga kudzakhala nawo kwawo, zomwe kwathu sizinkachitika kawirikawiri. Chichewa ankachiyankhula bwinobwino, koma akadzidzimuka lilime linkaterereka kupita ku Chinsenga, akazi a pachitsime n'kumawayeserera. Anakhala m'mudzimo zaka zonsezo, koma anali akadali mlendo.

Wowayang'anira anali azakhali, mlongo wamkulu wa atate. Mayi ameneyu ankadziwa mapazi a amayi kuposa ake omwe. Amayi akachedwa kudimba, azakhali ankadziwa. Akapita kumsika wa mtedza, azakhali ankafuna kumva chimene bambo wa pasikelo anawasekera. Sindinkawakonda, ndipo sindinkabisa.

Nditatha msinkhu, amayi ankafuna kuti ndilangizidwe ndi amayi a kutchalitchi, monga analangizidwira iwo kwawo. Azakhali anakana.

"Mwana wa mlongo wanga salangidwa ndi buku," anatero. "Alowe m'nyumba masiku asanu ndi awiri monga tinalowera ife. Kapena mlamu muli ndi chimene mukuopa?"

Amayi akanati chiyani? Ndinalowa.

Inali kanyumba ka azakhali kosungiramo madengu ndi miphika yosweka, kopanda zenera, chitseko chake cha bango. Kuwala kunkalowera pa ming'alu iwiri ya khoma komanso podontha denga. Phungu wanga, wondisamalira masiku onsewo, anali msuweni wanga, mwana wa azakhali, amene anali atakwatiwa kale. Anamkungwi anali mayi wamfupi wokonda fodya wa m'mphuno, ndipo malamulo anandipatsa tsiku loyamba lomwe. Osatuluka, kupatula kupita kuseri utafunda nsalu kumutu. Osadzutsa maso. Osayankhula, koma kunong'oneza phungu. Osakhudza mchere. Amayi sankaloledwa kulowa. Yawo inali kuphika n'kudzatula mbale pakhomo.

Kenaka anamkungwi ananena chija chinanditsekera pakamwa.

"Masiku ano amene akukuphikira akhale wozizira. Akagona ndi mwamuna n'kuthira mchere m'ndiwo zako, wakudula. Umatupa, umatsokomola, umafa. Umenewo ndiwo mdulo." Anafwenthera fodya, n'kuyang'ana pakhomo pomwe amayi anagwada. "Atate ako ali ku Walale. Ndiye ukadwala, sitikafunsa kutali."

Akazi onse anaseka. Amayi sanaseke.

Tsiku lachiwiri ndinadzuka pakhosi pakukanda. Zimenezi sizinali zachilendo kwa ine. Chaka ndi chaka, mphepo ya chisanu ikayamba kuulutsa fumbi, ndinkadwala zilonda zapakhosi, amayi n'kundipatsa madzi ofunda a mchere kuti ndichukuche mpaka kummero, ndi kundifinyira mandimu. Masiku atatu ndinkakhala nditachira, n'kuyambanso kukangana ndi anthu. Koma tsopano mchere unali woletsedwa, amayi anali kunja kwa chitseko, ndipo liwu lililonse limene ndikananong'oneza msuweni wanga likanafika kwa azakhali lisanazizire. Ndinaganiza kuti ndipirire. Masiku asanu otsalawo ndinawaona ngati ochepa.

Masana akazi ankabwera ndi ng'oma, kudzaza kanyumbako mpaka mpweya kutha. Ankaimba, kuvina, kundiphunzitsa za ulemu ndi za m'banja, fumbi likukwera kuchokera pansi, ine ndili chikhalire, miyendo yowongola, mutu pansi. Ena ankabwera ndi milandu yawo. Mmodzi anati ndinamuyankha mwano pachitsime, n'kunditsina pantchafu. Wina anakumbutsa za mbuzi ija. Ankayembekeza kuti ndilira mokuwa kapena ndiyankha, chifukwa ankandidziwa. Ine zii. Kumeza malovu kokha kunkandipweteka mpaka m'khutu, ndiye ndikanayankha ndi chiyani?

"Taonani," anatero anamkungwi. "Uyu ndiye wamva mwambo. Tinkati ndi wamakani, koma wafewa msanga."

Tsiku lachitatu thupi linatentha. Ndinali ndi kagalasi kakang'ono kamene atate ananditumizira kuchokera ku Walale, ndipo ndinali nditakabisa m'mphepete mwa nsalu polowa. Msuweni wanga atapita kukatunga madzi, ndinakwawira pamng'alu wa khoma, n'kuyasamula, kuwala kulowa m'kamwa. Tinyama tiwiri ta m'mbali mwa mmero tija tinali titafiira n'kufufuma mpaka kutsala pang'ono kukhudzana. Pamwamba pake panali timadontho toyera ngati nthangala za chitowe, ndipo mbali ya kumanzere timadonthoto tinali titalumikizana kukhala chikanga chachikasu. Ndinayesa kupala ndi kaudzu ka padenga. Ndinangodzithonya, misozi n'kutuluka, m'kamwa n'kudzaza fungo la chinthu chowola. Ndinachita mantha kwambiri, chifukwa zilonda zanga za zaka zonse sizinkafika pamenepo.

Ndipo pano ndinene zoona, ngakhale zimandichititsa manyazi mpaka lero. Nditakhala pamphasa paja, ndinayamba kuwakayikira amayi. Ndinakumbukira bambo wa pasikelo. Ndinakumbukira tsiku lina anachedwa kudimba. Ndinadzifunsa kuti nanga ngati ndi mdulo weniweni? Mwana wa zaka khumi ndi zinayi, wotsekeredwa mumdima, thupi likutentha, amakhulupirira chilichonse chimene akulu anena ng'oma ikulira. Koma kaya anali olakwa kaya osalakwa, chimene ndinkadziwa n'chakuti ndikangoti pakhosi pakuwawa, azakhali apeza chimene anachifunafuna zaka zonse, kalata ipita ku Walale, ndipo ukwati wa amayi utha. Ndinatseka pakamwa.

Vuto linali mbale. Amayi ankabweretsa chakudya m'mawa ndi madzulo. Ndinkamva mapazi awo, kenaka kugwada, kenaka mawu otsika akuti, "Odi, chakudya cha namwali." Ndinkaona zala zawo zokha pansi pa chitseko. Tsiku lachitatu ndinameza mbamu ziwiri, thukuta lili kamukamu. Lachinayi ndinalephera ngakhale imodzi. Msuweni wanga, amene sanayambe wakanganapo ndi chakudya chiyambire, ankadya zake n'kuthandizako zanga, komabe mbale inkabwerera yolemera.

"Iwe, idya," anandiuza. "Mwambo suletsa kudya. Kapena ukufuna ukatuluke wowonda kuti anyamata akumvere chisoni?"

Ndinapukusa mutu.

"Ha! Ulemu wakewu wanyanya. Ndikanadziwa kuti chinamwali chimakutseka pakamwa chonchi, ndikanawauza akulowetse uli ndi zaka zisanu."

Tsiku lachinayi madzulo amayi anabweretsa phala la madzimadzi m'malo mwa nsima. Palibe amene anawapempha. Ndinamwa pang'ono, lina n'kubwerera m'mphuno. Ine sindinaganizepo kanthu za phala limenelo nthawi imeneyo.

Tsiku lachisanu ndinadzuka nsagwada zitauma. Kukamwa kunkatseguka mpata wa chala chimodzi basi. Malovu sindinkathanso kumeza, ndiye ndinkalavulira m'nsalu, nsaluyo n'kunyowa. Pansi pa khutu la kumanzere panatuluka mwanabere, ndipo khosi lonse mbali imeneyo linatupa. Ndinafunda nsalu mpaka pachibwano, koma fungo silifundidwa. Akazi atabwera masana, anamkungwi anandiuza kuti ndiimirire ndivine zimene anandiphunzitsa. Ndinaimirira, nyumba inazungulira, ndinagwera pamadengu.

Anandivundukula nsalu. Ng'oma inaleka.

Anamkungwi anandikokera pakhomo pomwe panali kuwala, n'kulowetsa chipande pakati pa mano kuti aone. Anaona, n'kubwerera m'mbuyo atagwira mphuno.

"Mafinya," anatero. "Ndipo watupa."

Azakhali sanayang'ane n'komwe m'kamwa mwanga. Anatuluka panja, manja m'chiuno, n'kuitana amayi mokweza kuti mudzi wonse umve.

"Mlamu! Bwerani mudzaone ntchito yanu! Ndinkanena ine, anthu ankati ndine wa nsanje. Galu wamkota sakandira pachabe!"

Amayi anabwera akuthamanga, manja ali ndi madeya. Anafuna kulowa, akazi awiri n'kuwatsekereza pakhomo. Anandiona ndili gone pamphasa, ndipo ndinamva akulankhula Chinsenga, mofulumira, zimene ine ndekha ndinazimva. Kenaka anabwerera ku Chichewa.

"Ndi zilonda zapakhosi. Amadwala chaka ndi chaka, inu nomwe mukudziwa. Ndipatseni ndipite naye kuchipatala cha mishoni."

"Zilonda zapakhosi zimatupitsa khosi chonchi?" anafunsa azakhali. "Zimatseka nsagwada? Bwanji sananene? Wakhala chete masiku onsewa chifukwa akudziwa chimene amayi ake amachita."

Ndinayesa kukuwa kuti bodza. Chimene chinatuluka chinali mawu a munthu amene wadzaza mbatata yotentha m'kamwa, ndi malovu. Pakamwa panga pamene pankalimbana ndi mudzi wonse panandikana pa tsiku lokhalo limene ndinkapafuna. Ndinalira ndi mkwiyo. Kukhala chete kuja ndinkati ndikutchinjiriza amayi, koma azakhali anakusandutsa umboni.

Anamkungwi sanali munthu wankhanza, ndiyenera kuwanenera zimenezo. Ankakhulupirira zimene ankanena. Anagwada pafupi ndi amayi n'kuyankhula mofatsa.

"Mayi, wodulidwa sabayidwa jakisoni. Mukapita naye chonchi, akangomubaya, wapita. Ayambe wamwa mankhwala a kuno, ndipo mankhwalawo sagwira mpaka amene anamudula aulule ndi kuthira mchere ndi dzanja lake. Mukatero, mutengeni mupite naye kumene mukufuna. Mukapanda kutero, pakhomo pano sadutsa. Sindingalole mwana afere m'manja mwanga."

"Ndilibe choulula," anatero amayi.

"Ndiye tidikira."

Anadikiradi. Dzuwa linasuntha kuchoka pamutu. Akazi anakhala pansi pabwalo, ena akutong'ola chimanga ngati palibe chikuchitika. Amayi anali chigwadire pakhomo, ine mkati, pakati pathu mwendo wa azakhali. Mpweya wanga unayamba kulira ngati wa munthu wochita nkonono ali maso. Amayi ankaumva. Ndinawaona akuyang'ana kumene dzuwa linali, kenaka njira ya ku Katete kumene kunali chipatalacho, kenaka ine.

"Chabwino," anatero. "Ndinalakwa."

Akazi otong'ola chimanga aja anadzutsa mitu.

"Ndi yani?" anafunsa azakhali.

"Munthu wapaulendo. Wogula mtedza. Anapita ku Nyasaland."

"Dzina lake?"

"Sindinafunse. Bweretsani mchere."

Ndinawakhulupirira. Ananena mosanjenjemera, maso ali gwa, ndipo ine mwana wawo ndinawakhulupirira pamodzi ndi mudzi wonse.

Anabweretsa chikho cha madzi a mizu. Amayi anatapa mchere n'kuthiramo anthu onse akuona, n'kundimwetsa okha. Ambiri anatayikira pachifuwa, ena anatulukira m'mphuno, koma anamkungwi anati zakwana. Ngolo za ng'ombe m'mudzimo zinalipo ziwiri. Eni ake onse awiri anati ng'ombe zatopa. Amayi sanapemphe kawiri. Anandibereka kumbuyo ndi chitenje, ine mtsikana wamkulu miyendo ikugunda m'mawondo mwawo, n'kudutsa pakati pa anthu aja osayang'ana aliyense. Njira yonse sanandiyankhule, kupatula kundiuza kuti ndilavulire paphewa pawo, ndisameze. Tinapuma kanayi. Titafika pamsewu waukulu, lole ina yonyamula matumba inatiimira.

Kuchipatala anatilandira bambo wina wachikuda wovala zoyera, amene ankathandiza adokotala. Anapanikiza lilime langa ndi kathabwa, n'kuunikira ndi tochi.

"Zayamba liti?" anafunsa amayi.

"Sindikudziwa. Anali m'nyumba ya chinamwali."

Bamboyo anapukusa mutu. Anati ndi zilonda zapakhosi zomwe zija, zimene ana amabwera nazo tsiku ndi tsiku nyengo ya fumbi, kungoti zanga zinasiyidwa mpaka mafinya anasonkhana kuseri n'kupanga chithupsa. Anati tikanabwera masiku atatu apitawo, ikanakhala nkhani yaing'ono. Adokotala anabwera, anandigwira mutu anthu awiri, n'kuboola chithupsacho. Zimene zinatuluka sindizifotokoza, koma nsagwada zinamasuka tsiku lomwelo. Jakisoni ndinabayidwa masiku angapo ndipo sindinafe. Tsiku lachitatu ndinadya nthochi, lachinayi ndinakangana ndi mayi wa pabedi loyandikana amene ankalavulira pansi.

Titabwerera kumudzi, anthu anati mankhwala a anamkungwi ndiwo anandipulumutsa, chifukwa wolakwa anaulula. Amayi atanena zimene a kuchipatala anapeza, azakhali anaseka n'kuti, "Nanga munaululiranji?" Kalata inali itapita kale. Yankho la atate linabwera mvula isanagwe, ndipo silinali lalitali. Tinanyamula mitolo, amayi, ine ndi ang'ono anga awiri, kubwerera ku Sinda. Kumenekonso mbiri inali itatitsogolera, ndipo kutchalitchi anawaimitsa pa mgonero kwa nthawi. Masiku awiri otsala a chinamwali changa sindinawamalize. Atate sindinawaonenso mpaka ndili ndi ana.

Ine ndi amayi sitinakambepo za nkhaniyi. Ndinkawathandiza kumunda wa thonje, kuwaphikira akadwala, koma mumtima ndinali ndi kanthu. Ndikakwiya nawo ndinkakumbukira wogula mtedza uja. Kamodzi, tikukangana za mnyamata amene ankandifunsira, ndinawauza kuti iwo sangandiphunzitse za amuna. Anangondiyang'ana n'kupitiriza kupeta. Mawu amenewo ndikanakonda akanabwezeka.

Zaka zinapita. Ndinakwatiwa cha ku Vubwi, ndipo amayi atakalamba anabwera kudzakhala nafe. Tsiku lina mwana wanga wamkazi wachiwiri anakana chakudya cha m'mawa. Ndinamutulutsa padzuwa n'kumuuza ayasamule, ndipo ndinaona timadontho toyera tija. Ndinafunditsa madzi, ndinathiramo mchere, ndinayamba kumanga chitenje kuti tipite kuchipatala, uku ndikumukalipira kuti bwanji sananene dzulo. Amayi anali pakhonde akusenda mtedza.

"Usamukalipire," anatero. "Anatengera iwe."

Ndinakhala pansi. Sindikudziwa chimene chinandigwira, koma ndinafunsa funso limene ndinalisunga zaka zoposa makumi awiri.

"Amayi, munthu uja wa mtedza anali ndani?"

Anaseka pang'ono, osasiya kusenda.

"Kunalibe munthu. Ndinamuumba pakhomo pomwe paja. Ndinaona madeya m'manja mwanga, ndinafuna kunena wogula chimanga, koma ogula chimanga onse ankadziwika."

Ndinawauza zonse: kuti pakhosi panayamba kuwawa tsiku lachiwiri, kuti ndinadziona pagalasi tsiku lachitatu, kuti ndinabisa poopa kuti awanamizira. Ndinati ndikanangonena msanga, zikanathera pa mandimu, ndipo iwo akanakhala pa ukwati wawo. Ndinati ndine ndinawaphera banja. Ndinawauzanso kuti ndinawakhulupirira tsiku lija, ndipo ndinakhala ndikuwakhulupirira zaka zonsezi.

Anaika lichero pansi.

"Ukuganiza kuti sindinkadziwa? Mbale zinkabwerera kwa yani? Iwe chibadwire sunabwezepo chakudya kupatula pakhosi pakawawa. Tsiku lachitatu ndinadziwa. Phala lija ndinakuphikira chifukwa chiyani?"

"Nanga bwanji simunanene?"

"Ndinkaopa chomwe unkaopa iwecho. Ndinkati upirira, masiku atha, utuluka, palibe adziwe." Anapukuta manja pachitenje. "Iwe unali mwana, unakhala chete kuti usunge amako. Ine ndinali mayi, ndinakhala chete masiku awiri kuti ndisunge ukwati, mwana wanga akuwola pakhosi kuseri kwa bango. Ndiye pamene ndinkati ndinalakwa, sindinkanama zonse ayi."

Mwana wanga anali ataima pakhomo, chikho cha madzi a mchere chili m'manja, akutiyang'ana tonse awiri.

"Nyamuka," anatero amayi. "Pita naye dzuwa lisanakwere."